Mapulogalamu a sayansi pa TV: ana athu ndi agogo awo akutolapo chiyani?

Mayi wa ku Chilenje:
Mwaswera bwanji nonse pagulu pano? Ndabwera ndi nkhani imene yakhala ikundizungulira m'mutu kuyambira Lamlungu. Malaiti atabwera chakumadzulo, mwana wanga wa Giredi 5 anatsegula pulogalamu ina yachingerezi yonena za madamu akuluakulu a padziko lapansi. Tinakhala atatu, ine, iyeyo ndi apongozi anga amene abwera kuchokera ku Katete kudzaonana ndi adokotala a maso. Atangoonetsa Kariba, mwana analumpha pa mphasa: "Amayi, kwathu uko!" Khoma lija analijambula kuchokera m'mwamba, lopindika ngati uta, uku madzi ndenden'de, uku chiphompho. Apongozi anayang'anitsitsa nthawi yaitali, kenako anafunsa kuti, "Kodi akulankhulayo akuti chiyani?" Mwana anayesa kumasulira, koma anangofika poti madzi amapanga malaiti, n'kuthera pomwepo. Ndiye agogo ake akuti, "Madzi ndi amene amazima moto. Nanga moto womwewo aupanga bwanji?" Ineyo ndinasowa choyankha. Pulogalamu isanathe malaiti anapitanso, tinatsala mumdima ndi funso lathu. Amati mapulogalamu amenewa ndi a banja lonse, ana ndi akulu omwe. Kodi kwanuko zikutheka? Kwathu ndikuona kuti mwana akutola theka, agogo akungoona zithunzi.

Woyang'anira gulu:
Nkhani yabwino iyi amayi. Abambo a ku Matero, funso la agogo ndi lanu.

Wamagetsi wa ku Matero:
Agogo afunsa bwino kwambiri, ndipo muwauze kuti sanalakwitse: m'madzi mulibe moto. Ntchito ya madzi ndi kukankha basi. Afunseni ngati akukumbukira njinga zakale zokhala ndi dainamo, kabotolo kachitsulo kaja kotsamira pa tayala. Ukapalasa, tayala limazunguza kamutu ka dainamo, nyale n'kuyaka. Ukaima, nyale imazima. M'kati mwa kabotolo muja muli maginito ndi waya wa kopa wokulungidwa, ndipo maginito akamazungulira pafupi ndi waya, magetsi amayamba kuyenda mu wayamo. Ku Kariba n'chimodzimodzi, kungoti wopalasa ndi Zambezi. Khoma lija, lotalika mamita 128, limasunga madzi pamwamba. Madziwo amalowa m'mipaipi ikuluikulu, n'kutsetsereka ndi mphamvu kukamenya mapiko a tebaini, tebaini n'kuzunguza jenereta. Akatha ntchito amatulukira kumunsi n'kupitiriza ulendo wawo wa ku Chirundu, osapungukako. Mbali yathu ino ya Zambia makina alipo 6, ali pansi pa nthaka m'kati mwa thanthwe, ndipo onse akamayenda amatulutsa mamegawati 1,080.

Dalaivala wa ku Chawama:
Achimwene, ine ndimapita ku Siavonga kawirikawiri, nyanja ija sinaphwepo. Ngakhale chaka cha chilala madzi anali mbwee, maso osafika tsidya. Nanga bwanji ankati madzi atha?

Wamagetsi wa ku Matero:
Apa ndi pamene anthu ambiri amasokonekera, ndipo sindinaonepo pulogalamu yofotokoza zimenezi m'chilankhulo chathu. Tengani ndowa, muiboole m'mbali koma chakumtunda, osati pansi. Mukaidzaza, madzi adzatuluka pabowo paja mwamphamvu. Akatsika kufika pabowo, aleka kutuluka, chonsecho ndowa ikadali ndi madzi ambiri. Kariba ndi choncho. Madzi opangira magetsi ndi a pamwamba okha, mamita 13, kuyambira pa 475.5 kufika pa 488.5 kuyeza kuchokera pa nyanja yamchere. Otsalawo ndi a nsomba ndi ng'ona. Mu 2024 mvula itavuta, zinafika poti makina amodzi okha mwa 6 aja ndiwo ankayenda. Ndipo mvula yodzaza Kariba si ya kuno ku Lusaka ayi. Ndi imene imagwa kumpoto chakumadzulo, cha ku Mwinilunga kumene Zambezi imayambira, ku Angola ndi kuchigwa cha Barotse. Madzi ake amatenga masabata ambiri kuti afike.

Mayi wa ku Chilenje:
Zikomo abambo. Ndawawerengera apongozi uthenga wanu wonse. Za dainamo azimva nthawi yomweyo, akuti malemu apongozi aamuna anali nayo njinga yotere. Taonani tsopano: pulogalamu ya ola lathunthu, makamera okwera mtengo, inalephera chimene mwachita inu ndi mawu ochepa. Si kuti inali yoipa. Kungoti sinkalankhula ndi ife.

Dalaivala wa ku Chawama:
Amayi, pang'ono pokha ndikutsutseni. Mayeso a Giredi 7 a sayansi amabwera m'Chingerezi. Ine ana anga ndimafuna azionera zachingerezi zomwezo kuti khutu lizolowere. Tikayamba kumasulira zonse, mwana adzakumana ndi mawu akuti turbine pa pepala n'kudabwa. Komanso mawu ambiri a sayansi kwathu kulibe.

Mphunzitsi wa sayansi:
Abambo, nkhawa yanu ndikuimva, ndipo makolo ambiri amandiuza zomwezo. Koma ndikuuzeni zimene ndimaona m'kalasi. Ndili ndi ana oti ukawafunsa tanthauzo la evaporation amalakatula bwinobwino ngati ndakatulo. Ukawafunsa kuti madzi a pa zovala zoyanikidwa pa waya apita kuti, amangoti ziii. Mawu ali nawo, chinthucho alibe. Mwana amene wamva za ndowa yobooka ija m'Chinyanja, ndikamuuza dzina lachingerezi mawa, aligwira tsiku lomwelo chifukwa lili ndi pokhala. Zoti mawu kulibe sindivomereza kwenikweni. Kadamsana tili naye, utawaleza, nthunzi, mphenzi, chivomezi, dzimbiri, nkhungu, mame, nthanda. Pamene palibe timabwereka, monga tinabwerekera batire ndi injini, palibe amene anadwala nazo. Pa wailesi ya ZNBC Chinyanja chilipo pakati pa zilankhulo 7 za m'dziko muno zimene amaulutsira, nkhani timamva, zaulimi timamva. Chimene ndimalakalaka ndi theka la ola pa sabata, pa TV, munthu ataima pa khoma la Kariba kapena pa mlatho wa ku Livingstone uja wa 1905, akufotokoza ngati mmene achitira abambo a ku Materowa.

Wophunzira wa ku yunivesite:
Aphunzitsi, ndikugwirizana nanu, koma ana a masiku ano ali pa foni. Mng'ono wanga sangakhale ola lonse pa TV. Amaonera timavidiyo ta mphindi imodzi, ndipo tina mwa ito ndi tabodza, topangidwa ndi kompyuta. Sabata yatha anandionetsa chinsomba chachikulu ngati basi, akuti achigwira mu Kafue. Anakhulupirira ndi mtima wonse.

Mphunzitsi wa sayansi:
N'chifukwa chake TV ndimaikondabe. Foni ndi ya munthu mmodzi, akanamizidwa amanamizidwa yekha. TV ili pabalaza, aliyense akuona, ndipo pamapezeka wina wofunsa kuti, "Zoona zimenezi?" Funso la agogo a ku Katete lija likanabadwira kuti mwana akanakhala yekha kuchipinda ndi foni?

Agogo a ku Kabwata:
Ana anga, ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete, mdzukulu ndi amene akundilembera. Aphunzitsi atchula kadamsana, ndiye mtima wanga wabwerera ku 2001, pa 21 Juni, Lachinayi. Ambiri a inu munali ana. Masiku angapo zisanachitike, pa wailesi ndi pa TV ankangonena za kadamsana, kutichenjeza kuti tisayang'ane dzuwa ndi maso okha koma ndi timagalasi tapepala tija. Alendo anadzaza mu Lusaka muno ochokera maiko akutali. Ine ndinali pakhomo ndi amayi anga, amene panthawiyo anali okalamba kwambiri. Iwo ankati akalowe m'nyumba atseke chitseko, chifukwa kumudzi ankati zoterezi ndi malodza. Koma usiku wake tinali titaonera munthu wina pa TV atanyamula mpira ndi tochi, akuonetsa mmene mwezi umadutsira pakati pa ife ndi dzuwa. Ndinatenga lalanje ndi nyale ya palafini n'kuwaonetsa zomwezo. Anavomera kukhala panja.

Itangopitirira 3 koloko masana, kuwala kunayamba kufooka, osati ngati madzulo ayi, kuwala kwachilendo kotuwa. Kunazizira mwadzidzidzi. Pansi pa mtengo wa mango, timawanga ta dzuwa todutsa m'masamba tonse tinasanduka timiyezi ting'onoting'ono, mazanamazana, mbwee pa dothi. Nkhuku zinayamba kulowa m'khola zokha. Kenako mdima, dzuwa lasanduka bowo lakuda lokhala ndi mkombero woyera, ndipo komboni yonse inakuwa pamodzi, ena kuimba malikhweru, ena nthungululu. Zinatenga mphindi zitatu ndi pang'ono. Amayi anandigwira dzanja osalankhula. Kuwala kutabwerera tambala analira, iwo n'kunena kuti, "Lalanje lija linanena zoona." Mpaka kumwalira kwawo ankaikamba nkhani imeneyi. Ndiye musamati okalamba sangamve sayansi. Timamva, mukatiuza m'chilankhulo chimene timalotera.

Mayi wa ku Chilenje:
Agogo, mwandigwetsa misozi. Zikomo.

Wophunzira wa ku yunivesite:
Agogo, timiyezi ta pansi pa mango tija n'chifukwa choti kampata kalikonse pakati pa masamba kamajambula chithunzi cha dzuwa pansi. Masiku onse timaona timawanga tozungulira chifukwa dzuwa ndi lozungulira. Litadyedwa mbali imodzi, zithunzi zake nazonso zinadyedwa. Ndipo mwezi umakwanitsa kuphimba dzuwa ndendende chifukwa ngakhale dzuwa ndi lalikulu kuuposa pafupifupi ka 400, lilinso kutali kuuposa pafupifupi ka 400.

Namwino wa ku Chelstone:
Ndalowa mochedwa, ndinali pa ntchito ya usiku. Ine mbali imene imandipweteka ndi ina. Mapulogalamuwa amationetsa mikango ndi nyenyezi, zabwino ndithu, koma sayansi imene ingapulumutse mwana wa mu Lusaka ili mu dontho la madzi. Kumayambiriro kwa 2024, kolera itavuta mpaka bwalo la Heroes kusanduka chipatala, masukulu n'kuchedwa kutsegulidwa, ndinkalankhula ndi amayi ambiri. Ukawauza kuti athire klorini kapena awiritse madzi, amakuonetsa chigubu n'kunena kuti, "Asisi, taonani kuyera kwake, alibe kalikonse." Sindinkawaimba mlandu. Sanaonepo zimene maikulosikopu imaonetsa. Mzinda wathuwu wakhala pa miyala ya laimu yokhala ndi ming'alu ndi mphako, ndipo m'madera ngati Kanyama madzi a pansi ali pafupi kwambiri. Mvula ikagwa, za m'chimbudzi chokumba zimayenda m'ming'alu ija n'kukafika pa chitsime chosazama cha pafupi. Munthu atajambula zimenezi, atathira utoto m'dzenje lina n'kuonetsa ukutulukira m'dzenje lina, kenako n'kuonetsa dontho limodzi litakuzidwa, tizilombo tikuyendayenda, ndikukhulupirira kuti ambiri sangamwenso madzi osawiritsa. Zikwangwani zolembedwa zatikanika. Maso akaona, mtima suiwala.

Dalaivala wa ku Chawama:
Asisi, pamenepo ndagonja. Zimenezo zikhale m'Chinyanja ndithu, ndi m'Chibemba momwe. Koma za mayeso ndikadali pomwe paja, zonse ziwiri ziziyendera limodzi.

Ndibwerere ku Kariba pang'ono, chifukwa pali chimene chimandiwawa. Amayi, pulogalamu munaonerayo inatchulapo za anthu amene ankakhala pamene pali nyanjapo? Zimene ndinaonerapo ine zimakonda nkhani ya Operation Noah, mmene Rupert Fothergill ndi anzake ankapulumutsira nyama pa zilumba madzi akukwera, nyama pafupifupi 6,000. Amaonetsa chipembere chikukokedwa, agwape m'maboti. Koma Atonga pafupifupi 57,000 a m'chigwa cha Gwembe, mbali zonse ziwiri za mtsinje, anachotsedwa pa minda yawo ya m'mbali mwa Zambezi ndi pa manda a makolo awo. Ena anawasamutsira ku Lusitu. Ine ndimadutsa pa Lusitu popita ku Siavonga. Nthaka yake ndi yofiira, yokokoloka, makwawa okhaokha. Nthambo zamagetsi zimadutsa pamwamba kubwera kuno kwa ife. Mwana akamaphunzira kuti damu linamangidwa kuyambira 1955 mpaka 1959, aphunzirenso kuti ndani analipira mtengo wake.

Mayi wa ku Chilenje:
Mpaka pamene malaiti anapita sanatchule, abambo. Nyama zija anaonetsadi.

Mphunzitsi wa sayansi:
Wojambula amasankha zimene anthu akwawo angakonde kuona, ndipo anthu akwawo si ife. Komabe ndisawanyoze, pali zambiri za dziko lathu zimene ineyo ndinaziona koyamba kudzera m'makamera a alendo. Mileme ya ku Kasanka ndinaionera pa TV ndisanadziwe n'komwe kuti Kasanka ili cha ku Serenje konkuno. Chaka chilichonse, kuyambira chakumapeto kwa Okutobala mpaka Disembala, mileme mamiliyoni angapo imasonkhana m'kankhalango kakang'ono, ndipo ikamanyamuka madzulo thambo limada bii. Imabwerera zipatso za m'tchire, masuku omwe timagula pa mseu aja, ndipo ikamauluka mitunda italiitali imamwaza njere, nkhalango n'kumamera. Nditawaonetsa ana m'kalasi, mtsikana wina anati kwawo mleme ndi wa afiti, akauona amaupha. Tinakambirana phunziro lonse. Sindinamuseke, ndinangomufunsa kuti masuku a m'phiri anabzala ndani.

Wophunzira wa ku yunivesite:
Ndipo pali zina zimene dziko lonse likuzikamba koma ife eni tili chete. Ku mathithi a Kalambo, cha ku Mbala kumalire ndi Tanzania, akatswiri ofukula zakale anapeza mitengo iwiri yosemedwa, umodzi uli ndi kamphako koti unzake ukhalepo mopingasa. Atayeza mchenga umene inakwiririkamo anapeza zaka pafupifupi 476,000. Analengeza mu 2023. Ndi chomangidwa chamatabwa chakale kwambiri chimene chikudziwika padziko lonse, chakale kuposa mtundu wathu wa anthu a lero. Nanga chigaza cha ku Kabwe, chimene anthu a mumgodi anachifukula mu 1921? Chili ku Natural History Museum ku London, ndipo Zambia yakhala ikupempha kuti chibwerere. Funsani ana khumi a mu komboni mwanu ngati anamvapo za zimenezi.

Dalaivala wa ku Chawama:
Musapite kutali. Pa mseu wa ku Chirundu, pafupi ndi pokhotera ku Siavonga, pali mitengo yosanduka miyala, ya zaka zoposa 100 miliyoni. Ndinadutsapo zaka zambiri osaima. Tsiku lina tayala litaphulika chapafupi ndinapita kukaona. Chipika chagona pansi, makungwa ake akuoneka, mizere ya mtengo ikuoneka, koma ukachigogoda ndi sipanala chikulira ngati mwala, kulemera kwake kosaneneka. Ndinaima pamenepo ndekha tsitsi likuuma. Ana anga ndinawatengako pa holide.

Agogo a ku Kabwata:
Mwachita bwino mwana wanga. TV ikhale yoitana chabe, miyendo imalize.

Namwino wa ku Chelstone:
Kwa amene sangafike ku Chirundu, Munda Wanga ili pa Chilanga pompa, Lusaka National Park ilinso pafupi, ndipo nyumba yosungira zakale ili pa Independence Avenue. Minibasi imodzi kapena ziwiri mwafika.

Wamagetsi wa ku Matero:
Ine ndikuti tisadikire kuti wina adzatipangire pulogalamu. Kwathu ndili ndi sola ndi inveta, TV imayaka ngakhale malaiti apite. Bwalo ndi lalikulu ndithu. Loweruka masana bweretsani ana ndi agogo awo. Tionere mphindi khumi, tiimitse, aphunzitsi amasulire, anthu afunse, tipitirize. Ndili ndi dainamo yakale penapake m'bokosi la zitsulo, ndiifunafuna. Ndowa yobooka ndiye siivuta.

Mphunzitsi wa sayansi:
Ndibwera. Ndibweranso ndi ana awiri a kalabu ya sayansi yotchedwa JETS a kusukulu kwathu, azigwira ndowa ndi iwowo. Koma ndipemphe chinthu chimodzi: akuluakulu tisathamangire kuyankha. Mwana akafunsa, tiyambe tamufunsa kuti iye akuganiza bwanji.

Wophunzira wa ku yunivesite:
Ine ndijambula pa foni kufotokoza kwa dainamo ndi ndowa, nkhope za ana osaonetsa. Mng'ono wanga uja akapeze kavidiyo koona m'Chinyanja pakati pa zinsomba zake.

Woyang'anira gulu:
Zamveka. Loweruka 14 koloko ku Matero. Malo enieni abambo atumiza kwa aliyense payekha, osati pagulu. Amene muli ndi mphasa kapena mipando yapulasitiki mutenge.

Mayi wa ku Chilenje:
Mwadzuka bwanji nonse? Amene simunabwere dzulo munaphonya. Dainamo inapezeka, abambo anaimangirira pa njinga yotembenuzidwa miyendo m'mwamba. Apongozi anga anakana kungoonerera, anagwada pa mphasa n'kugwira pedulo ndi dzanja lawo. Atazunguza pang'onopang'ono kababu kanangofiira. Ana anayamba kukuwa, "Limbikani agogo!" Atalimbika kanawala, iwo n'kuseka mpaka chitambala kugwa. Kenako anasiya dala kuti aone kakuzima, n'kunena kuti, "Ndiye kuti mvula ikakana, Zambezi watopa mkono." Ndowa nayo inachita monga ananenera, madzi analeka kutuluka ikadali yoposa theka, ndipo abambo a ku Chawama anaisuzumira kawiri. Za Atonga anafotokoza okha abambowo, ana anakhala chete kumvetsera, wina n'kufunsa ngati manda aja akadali pansi pa madzi.

Tsopano pabuka lina. Tikudya nsima madzulo, mwana wanyamula kapenta kamodzi n'kufunsa kuti ngati nyanja ya Kariba inachita kupangidwa ndi anthu, kapenta wa ku Siavonga anachokera kuti?

Mphunzitsi wa sayansi:
Musamuuze msanga amayi. Mugule wa ku Siavonga pang'ono ndi wa ku Mpulungu pang'ono, muwaike pa mbale imodzi, ayerekeze yekha. Akatero mumuonetse pa mapu pamene pali Mpulungu.

Dalaivala wa ku Chawama:
Ine ndikudziwa kuti anachita kumutenga ku nyanja ya Tanganyika chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960, koma kwa mwanayo ndatseka pakamwa. Lachisanu ndili ndi ulendo wa ku Siavonga, ndikajambula maboti a kapenta usiku atayatsa nyale zawo pamadzi. Wa ku Siavonga musagule amayi, ndikubweretserani.

Agogo a ku Kabwata:
Loweruka likubwerali mundisungire mpando wokhala ndi chotsamira, msanawu pa mphasa sulola. Lalanje ndi nyale ndibwera nazo ndekha.